Mmene wotsogolera waluso amayendera ndi ana m'mabwinja akale

Makoma a Colosseum, chibwalo chachikulu chija cha mumzinda wa Rome, ali ndi maenje ponseponse. Akuluakulu ambiri sawaona n'komwe, chifukwa maso awo amakhala pa kutalika kwa khoma kapena pa foni yojambulira. Ana ndi amene amawaona, ndipo sachedwa kufunsa kuti anaboola ndani. Funsoli likafika kwa wotsogolera alendo, pali njira ziwiri. Atha kuyankha pompo kuti omanga ankalumikiza miyalayo ndi zitsulo, ndipo patapita zaka mazanamazana anthu osowa chitsulo anadzagoba miyalayo n'kuzula zitsulozo. Yankholi ndi loona, koma mwana amangogwedeza mutu, nkhani n'kuthera pomwepo. Kapena atha kumuuza kuti ayang'anitsitse kaye: kodi maenjewa ali pakati pa mwala, kapena pomwe miyala iwiri yakumana? Mwana akaona kuti ali molumikizira, pamabwera funso lina: nanga munthu wokumba polumikizira miyala angakhale akufunapo chiyani? Posakhalitsa mwana uja amafika yekha pa yankho, ndipo khoma lililonse limene akumane nalo tsiku limenelo aliyang'ana mofufuza.

Njira yachiwiriyi ndiyo phata la maulendo okaona zipilala ndi mabwinja akale amene amakonzedwera mabanja okhala ndi ana. Masiku ano maulendo otere akupezeka pamalo ambiri otchuka, kuyambira ku mapiramidi a ku Giza mpaka ku Acropolis, phiri la akachisi akale la mumzinda wa Athens ku Greece. Gulu limakhala laling'ono, banja limodzi kapena mabanja angapo. Ulendo umatenga maola awiri kapena atatu. Malo oimapo amakhala ochepa, ndipo paliponse ana amakhala ndi chochita: kufunafuna, kuyeza, kuwerenga zizindikiro, kugwira chinthu, kuyerekeza kukhala munthu wa nthawi imeneyo. Komabe zimenezi ndi zooneka kunja chabe. Alipo maulendo okhala ndi timapepala tokongola ndi timphoto tambirimbiri, omwe mwana amabwerako asanayang'anitsitse mwala ngakhale umodzi. Muyeso umene ine ndimaudalira ndi uwu: chochita chilichonse chimene mwana wapatsidwa chizibweza maso ake pa chinthu chenichenicho chimene wadzera. Ngati masewerawo angachitikire pabwalo lina lililonse osasintha kanthu, ndiye kuti malo akalewo sakugwira ntchito pa ulendowo.

Maganizo amenewa anayamba kale. Mu 1957, Freeman Tilden, yemwe ankagwira ntchito ndi bungwe la National Park Service ku America, analemba mfundo 6 zofotokozera alendo malo a mbiri ndi a zachilengedwe m'buku lake la Interpreting Our Heritage. Ina mwa mfundozo imati cholinga chachikulu ndi kudzutsa maganizo a mlendo, osati kumulongeza mfundo m'mutu. Yomaliza ndi yokhudza ana osapitirira zaka 12, ndipo imati zowafotokozera zisakhale za akuluakulu zosukulutsidwa, zikonzedwe mwa njira yawoyawo. Ambiri amaphonya pomwepa. Amatenga nkhani ya akuluakulu, kuchotsamo zaka ndi mayina ovuta, kuikamo mawu achibwana, n'kumati akonzera ana. Mwana amazindikira msanga akamapeputsidwa, ndipo akazindikira amasiya kumvetsera.

Chikhalirecho ana amaona zimene akuluakulu amazidutsa. Mu 1879, Marcelino Sanz de Sautuola ankafukula pansi m'phanga la Altamira ku Spain, kufunafuna mafupa ndi zida zamwala. Anali atafikamo kale m'phangamo m'mbuyomo. Mwana wake Maria, wa zaka 8, ndi amene anakweza maso n'kuona nyama zonga njati zojambulidwa kudenga, zithunzi zomwe lero zikudziwika padziko lonse. Nkhani imeneyi ndi yabwino kuwauza ana ulendo usanayambe, kuti adziwe kuti maso awo akufunika.

Zimene zimamuvuta mwana akafika pa bwinja

Chovuta choyamba ndi nthawi. Kwa mwana wa zaka 7, "kalekale" ndi thumba limodzi momwe muli agogo ake ali aang'ono, Aroma, mafarao ndi zilombo zikuluzikulu zija zinatha anthu asanakhaleko. Kumuuza kuti Colosseum inatsegulidwa m'chaka cha 80, mu ulamuliro wa mfumu Titus, n'kutaya mawu, chifukwa nambala imene alibe choiyerekezera nacho siikhazikika m'mutu. Chingwe chimathandiza kuposa pakamwa. Tinene kuti mita imodzi ya chingwe ikuimira zaka 100. Moyo wonse wa mwana wa zaka 8 ndi masentimita 8, kachidutswa kokwana m'dzanja lake. Agogo a zaka 70 safika n'komwe mita imodzi. Kuti akafike pa kutsegulidwa kwa Colosseum, mwanayo ayenera kuyenda akutambasula chingwecho mamita oposa 19. Cleopatra, mfumukazi ya ku Egypt imene inamwalira m'chaka cha 30 Yesu asanabadwe, ali patsogolo pang'ono, cha pa mamita 20 ndi theka. Piramidi yaikulu ya mfumu Khufu ku Giza, yomangidwa cha m'ma 2560 Yesu asanabadwe, ili pa mamita pafupifupi 46. Mwana akaima pa Cleopatra n'kuyang'ana uku ndi uku, amaona yekha kuti mayi ake, amene agwira poyambira chingwe, ali pafupi kusiyana ndi piramidi. Zoti Cleopatra anakhala moyo kufupi ndi nthawi yathu kuposa nthawi yomanga piramidiyo zimadabwitsa ngakhale akuluakulu, ndipo mwana amene waziyenda ndi mapazi ake saziiwala.

Chachiwiri n'chakuti zambiri zimene zinkapatsa malowo moyo zinatha. Madenga anagwa, matabwa anaola, utoto unasuluka, anthu ndi phokoso lawo kulibe. Kachisi wa Parthenon pa Acropolis, womangidwa pakati pa 447 ndi 432 Yesu asanabadwe, lero amaoneka wotuwa, koma zokongoletsa zake zinali zopakidwa utoto wowala, wofiira ndi wabuluu. Colosseum inali ndi chinsalu chachikulu chotchingira owonerera dzuwa, chimene ankachikoka asilikali apamadzi. Munthu wamkulu amene anawerengapo za malowa amadzaza yekha mipatayi m'maganizo, pomwe mwana amangoona mulu wa miyala.

Kwa zaka zambiri otsogolera akhala akugwiritsa ntchito mabuku okhala ndi pepala loonekera mkati, lomwe ukaliyala pamwamba pa chithunzi cha bwinja limaonetsa nyumbayo ili yathunthu. Njirayi ikuthandizabe. Tsopano kwabwera matabuleti ndi magalasi ovala kumaso amene amakuonetsa malowo mmene analili kale. Ku Rome, alendo okaona Domus Aurea, nyumba ya mfumu Nero, komanso malo osambira a Caracalla, anayamba kugwiritsa ntchito magalasi otere mu 2017. Sindizinyoza zidazi. Mwana akaona denga ndi madzi pomwe panali makoma ogumuka okhaokha, amamvetsa m'kanthawi kochepa zimene zikanatenga mawu ambiri. Koma pali mbuna ziwiri. Chithunzi cha pakompyuta chimawala kuposa mwala weniweni, moti mwana akavula magalasi amaona ngati zabwino zatha. Komanso chithunzicho chimaonetsa zonse ngati zotsimikizika, pomwe mbali ina ndi yodziwikadi, ina ndi yongoyerekeza akatswiri. Wotsogolera wabwino amawaveka ana magalasiwo kwa kanthawi, kenako n'kuwatuma kuti akapeze pakhoma umboni wa zimene aona: bowo lomwe munalowa mtanda wa denga, potsalira utoto, ngalande yomwe munkadutsa madzi. Akatero chidacho chagwira ntchito yake yoyenera.

Kukula ndi kulemera kwa zinthu nakonso mwana amakumva ndi thupi. Miyala ikuluikulu ya ku Stonehenge ku England, yomwe anthu akale anaiimika mozungulira, imalemera pafupifupi matani 25 uliwonse, koma nambala imeneyi simuuza kanthu mwana. Pamalo olandirira alendo, omwe anatsegulidwa mu 2013, pali mwala wochita kupanga wogonekedwa pamitengo, umene alendo amayesa kuukoka. Mwana amene wakokapo mpaka kuuma manja amayamba yekha kufunsa kuti pankafunika anthu angati, ndipo ankawadyetsa ndani. Ku Epidaurus ku Greece kuli bwalo la zisudzo lomangidwa m'zaka za m'ma 300 Yesu asanabadwe, lokwana anthu pafupifupi 14,000. Mwana mmodzi amaima pakati n'kumayankhula, ena n'kukwera mizere 55 ya mipando kukamvetsera ali pamwamba. Ku Chichen Itza ku Mexico, ukaomba m'manja kutsogolo kwa masitepe a piramidi yaikulu, phokoso limabwerera likumveka ngati kulira kwa mbalame. Anthu a ku Egypt ankayeza ndi mkono wa masentimita pafupifupi 52. Mwana akayeza kutalika kwa mwala ndi mkono wake, bambo ake n'kuyezanso ndi wawo, nambala zimasiyana, ndipo amaona yekha chifukwa chake omanga ankafunika ndodo imodzi yoyezera yomwe onse agwirizana.

Pamsewu umodzi wa ku Pompeii

Kuti tione bwino mmene zimayendera, tiime pamsewu umodzi wa ku Pompeii, mzinda wa ku Italy umene unakwiririka ndi phulusa ndi timiyala phiri la Vesuvius litaphulika m'chaka cha 79. Mzindawu ndi waukulu, mahekitala oposa 60, ndipo amene amafuna kuti ana aone zonse amabwerera nawo akulira. Wotsogolera wodziwa ntchito amasankha misewu iwiri kapena itatu basi.

Pakati pa msewu pali miyala ikuluikulu yosalala pamwamba, yoikidwa mopingasa, yotalika mofanana ndi kanjira ka oyenda pansi kam'mbali. M'mipata ya miyalayo mwadutsa tingalande tiwiri togobeka m'miyala ya msewu. Ana amayamba okha kudumphadumpha pamiyalayo asanauzidwe, ndipo phunziro layamba kale, chifukwa akuchita zomwe eni mzindawo ankachita. Wotsogolera amangofunsa kuti, "Mukuganiza kuti anthuwa sankafuna kuponda pansipa chifukwa chiyani?" Mayankho amabwera: matope, madzi, ndowe za ziweto. Onse ndi oona, pakuti madzi osefukira pamalo otungira madzi a m'misewu ankayenda mumsewumo pamodzi ndi zinyalala. "Nanga tingalandeti tinabwera bwanji?" Mwana wina amatitsata ndi chala, n'kuona kuti tikuyenda mofanana osakumana, ndipo amafuula kuti ndi magudumu a ngolo. Kenako pamabwera funso limene akuluakulu nawonso amaima nalo: ngolo inkadutsa bwanji pamiyala yopingasayi? Mipata ija inasiyidwa dala, kuti magudumu adutse uku ndi uku, mwala n'kutsala pansi pa ngolo. Palibe chaka kapena dzina la mfumu limene latchulidwa, koma ana adziwa za ukhondo wa mzinda, kayendedwe ka katundu ndi nzeru za omanga misewu, ndipo zonsezo azichotsa pa miyala yomwe aimapo.

Patsogolo pang'ono pali kauntala yamwala yokhala ndi mabowo ozungulira. Ana ambiri amati ndi chimbudzi, ndipo ndi bwino kuwalola aseke kaye. M'mabowomo munali mitsuko ikuluikulu, ndipo malowa anali ogulitsira chakudya. Mumzindamo mwapezeka malo otere pafupifupi 80. Funso loti n'chifukwa chiyani anali ochuluka chotere limawafikitsa ana pa moyo wa osauka, omwe ankakhala m'tizipinda topanda pophikira. Kumalo ophikira buledi kuli mphero zamwala zomwe abulu ankazungulitsa. Pakhomo la nyumba ina pali chithunzi cha galu chopangidwa ndi timiyala, cholembedwa kuti Cave canem, kutanthauza kuti chenjerani ndi galu.

Koma chimene chimamufikitsa mwana kufupi kwambiri ndi anthu akale ndi kuona za ana anzake. Mu 2024 akatswiri ofukula zinthu zakale analengeza kuti pakhoma la nyumba ina ku Pompeii apeza zithunzi zojambula ndi makala: anthu omenyana m'bwalo, alenje ndi nyama, komanso kadzanja kakang'ono kozunguliridwa ndi mzere. Akuti anajambula ndi ana aang'ono. Ku Vindolanda, linga la Aroma lomwe lili pafupi ndi khoma lalitali limene mfumu Hadrian inamangitsa ku England, kwapezeka nsapato zachikopa zambirimbiri, zina za ana ongoyamba kumene kuyenda. Pamasitepe a Basilica Julia, nyumba yakale yoweruzira milandu ku Rome, pakuonekabe mizere ya masewera yomwe anthu anakanda pamwala kuti azitayira nthawi. Wotsogolera amene amadziwa pomwe pali zinthu zoterezi safunika kukuwa kuti ana amumvere.

Masewera ofunafuna zinthu, omwe amapezeka pafupifupi paulendo uliwonse wa ana, alipo abwino ndi achabechabe. Colosseum inali ndi zipata 80, ndipo 76 mwa izo zinali ndi manambala, ena akuonekabe pamwamba pa zipata mpaka lero. Mwana akapatsidwa kakhadi kolembedwa LII, yomwe ndi 52, n'kuuzidwa kuti akapeze chipata chake, amaphunzira manambala achiroma, komanso amamvetsa mmene anthu pafupifupi 50,000 ankalowera popanda kupondana. Akalowa mkati, wotsogolera atha kuligawa banjalo mmene Aroma akanaligawira: akuluakulu a boma pansi pafupi ndi bwalo, amayi ndi osauka pamwamba penipeni. Mwana akamva kuti mayi ake akanakhala kutali choncho chifukwa choti ndi mayi, amayamba kutsutsa, ndipo kukambirana za kusiyana kwa anthu kwayambika. Kumeneko ndiye kufunafuna kwabwino. Kwachabechabe ndi kuja koti woyamba kupeza zinthu 10 alandira mphoto, chifukwa kumawaphunzitsa ana kuthamanga pamalo ofunika kuyenda pang'onopang'ono. Paja kuona maso a nkhono n'kudekha. Kumukhazika mwana pansi ndi pepala ndi pensulo kuti ajambule mutu wa chipilala chimodzi kumamuchititsa kuona zambiri kuposa kuthamanga bwalo lonse.

Manja a mwana ndi moyo wa malowo

Mwana amaphunzira ndi manja, koma malo akale amawonongeka ndi manja omwewo, ndipo kukokana kumeneku sikutha. Phanga la Lascaux ku France, lomwe anyamata anayi analitulukira mu 1940, lili ndi zithunzi za zaka pafupifupi 17,000. Linatsegulidwa kwa alendo mu 1948, koma pofika mu 1963 linatsekedwa. Mpweya wopuma anthu, kutentha kwa matupi awo ndi chinyezi zinali zokwanira kumeretsa ndere pamakoma a zithunzizo. Lero alendo amalowa m'mapanga ochita kupanga motengera lenilenilo, lina lotsegulidwa mu 1983, lina mu 2016. Ku Stonehenge alendo wamba analetsedwa kuyenda pakati pa miyala chakumapeto kwa zaka za m'ma 1970. Kukwera piramidi ya ku Chichen Itza kapena mapiramidi a ku Giza n'koletsedwa.

N'chifukwa chake chikwama cha wotsogolera n'chofunika kwambiri. Mumakhala zinthu zopangidwa motengera zakale: nyale yadongo, kathabwa kopaka phula kolembapo ndi kamtengo kosongoka, chidutswa cha gumbwa, ndalama yachitsulo yokhala ndi nkhope ya mfumu. Manja akatanganidwa ndi zimenezi sakhumbira khoma. Ndipo lamulo lizibwera ndi chifukwa chake. "Usagwire" wopanda chifukwa amatha mphamvu wamkulu akangotembenuka. Muonetseni mwana sitepe yamwala imene yagobeka pakati chifukwa cha mapazi, mumuuze kuti Colosseum imalandira alendo mamiliyoni chaka chilichonse, ndipo aona yekha chimene manja ochuluka choncho angachite. Akaona phale pansi n'kufuna kulitenga, kumukalipira sikuthandiza. Agwade, aliyang'ane, anene kuti linali mbali iti ya mphika, kenako alisiye pomwepo. Kwa akatswiri, phale limakhala ndi phindu chifukwa cha malo amene lapezeka, ndipo likachoka pamenepo umboni watayika. M'maiko monga Italy, Greece, Egypt ndi Turkey, kutenga kanthu pamalo otere ndi mlandu.

Kunena zoona kwa ana

Chiyeso chachikulu kwa wotsogolera ana ndi kukometsa nkhani. Ana amakonda za matemberero a mafarao ndi za zolengedwa zochokera kumwamba zomwe ati zinamanga mapiramidi, ndipo nkhani zoterezi zimagwira gulu msanga. Ine ndimaona kuti kumeneku n'kuwabera ana, chifukwa zoona zake n'zokoma kuposa mabodzawo. Ku Giza, akatswiri ofukula zakale Mark Lehner ndi Zahi Hawass anafukula mudzi wa antchito ndi manda awo. Kunapezeka malo ophikira buledi ndi mafupa ambiri a ng'ombe, nkhosa ndi mbuzi zimene ankadya. Mafupa a antchito ena akuonetsa kuti anathyoka n'kulumikizika bwino, kusonyeza kuti ovulala ankasamalidwa. Magulu a antchito anali ndi mayina, ndipo lina, lotanthauza anzake a Khufu, linalembedwa m'kati mwa piramidi. Mu 2013 gulu la katswiri wina, Pierre Tallet, linapeza ku Wadi al-Jarf, doko lakale la m'mbali mwa Nyanja Yofiira, zolemba za pagumbwa za kapitawo wina dzina lake Merer, zofotokoza tsiku ndi tsiku mmene iye ndi anthu ake ankanyamulira miyala pa mabwato kuchokera ku Tura kupita ku Giza. Ana amene adzipatsa dzina la gulu lawo n'kukambirana mmene angakwezere mwala m'bwato aphunzira kuti mapiramidi anamangidwa ndi anthu ngati iwo.

Bodza lokhudza malo akale limathanso kukhala chida cha ndale. Makoma a Great Zimbabwe, mzinda wakale wa m'dziko la Zimbabwe, omwe ena amafika mamita 11 ndipo anamangidwa mosanja miyala popanda matope omatira, ndi ntchito ya makolo a Ashona, yomangidwa kuyambira m'zaka za m'ma 1000 mpaka za m'ma 1400. Atsamunda ankati anamanga ndi alendo ochokera kutali, Afoinike kapena anthu a mfumukazi ya ku Sheba. David Randall-MacIver mu 1905 ndi Gertrude Caton-Thompson mu 1929 anafukula n'kutsimikiza kuti omanga anali Aafrika, komabe boma la azungu la Rhodesia, yomwe lero ndi Zimbabwe, linapitiriza kukakamiza kuti alendo asamauzidwe zimenezi momveka, mpaka katswiri wina, Peter Garlake, anachoka m'dzikomo mu 1970. Kwa mwana wa zaka 13 kapena 14, nkhani imeneyi ndi yamtengo wapatali. Mufunseni kuti ndi umboni wanji ungathetse mkanganowo, ndipo ndani ankapindula ndi bodzalo.

Kunena zoona kukuphatikizanso kuvomera pomwe akatswiri sanagwirizane. Omanga Stonehenge sanasiye zolemba, choncho cholinga chawo anthu akukanganabe. Mwala wina wogona pakati pake, womwe kwa zaka zambiri ankati unachokera ku Wales, kafukufuku wa mu 2024 anasonyeza kuti unachokera kumpoto chakum'mawa kwa Scotland, mtunda woposa makilomita 700. Mwana akamva zimenezi amadziwa kuti nkhani sinathe, ndipo pali malo ake.

Ndiye pali imfa. Mu 1863 Giuseppe Fiorelli, yemwe ankatsogolera ntchito yofukula Pompeii, anayamba kuthira pulasitala m'mapanga amene matupi a anthu anasiya m'phulusa louma ku Pompeii, ndipo zimene zinatuluka ndi maonekedwe a anthu pa nthawi imene ankamwalira, ena mwa iwo ana. Wotsogolera wanzeru amafunsiratu makolo asanafike pamalopo, amawauza ana kuti awa anali anthu enieni, ndipo amatsitsa mawu. Masewera amaima kaye. N'chimodzimodzinso ndi omenyana a mu Colosseum. Kusewera ndi malupanga amtengo kulibe vuto, bola ana auzidwenso kuti ambiri mwa omenyanawo anali akapolo ndi akaidi, ndipo anthu ndi nyama ankafa pamchenga pamenepo. Mwana wamng'ono auzidwe zochepa, koma asauzidwe chimene adzafunike kuchifafaniza akakula. Malo ena akale, monga Angkor Wat ku Cambodia ndi matchalitchi osemedwa m'thanthwe a ku Lalibela ku Ethiopia, anthu akupempherabemo, ndipo kumeneko masewera amathera pakhomo.

Banja si kalasi ya kusukulu, chifukwa mumakhala misinkhu yosiyana. Wa zaka 4 amafuna kupeza mkango wosemedwa pamwala ndi kunyamula mapu. Wa zaka 9 amafuna zinsinsi, malamulo ndi zimbudzi zokhalapo anthu ambiri nthawi imodzi ngati za m'mizinda yakale ya Ostia ku Italy ndi Ephesus ku Turkey. Wa zaka 14 amadana ndi chilichonse chooneka chachibwana, koma mukamupatsa mfundo yoti aitsutse amadzuka. Wotsogolera waluso amagawa ntchito molingana ndi misinkhuyi, ndipo makolo nawo sawasiya. Makolo amalakwitsa m'njira ziwiri. Ena amabwerera m'mbuyo n'kutenga foni, ngati kuti alemba wolera ana, ndipo mwana amaona kuti zimene zikuchitikazi akuluakulu alibe nazo ntchito. Ena amamuyankhira mwana, kapena kumufunsa ngati mayeso kuti, "Wamva? Anamanga ndani?" Chothandiza ndi kholo limene limadabwa pamodzi ndi mwana, n'kunena kuti, "Iwe ukuganiza bwanji? Ine ndimayesa ndi chitsime." Kholo likalakwa mwana n'kulondola, palibe mphoto ya pepala yoposa pamenepo.

Zotsalazo ndi za kukonzekera. Mabwinja ambiri alibe mthunzi, ndipo miyala imatentha. Mu July 2023 Acropolis inkatsekedwa masana chifukwa cha kutentha, ndipo kuyambira mu September chaka chomwecho malowa amalola alendo osapitirira 20,000 patsiku, olowa pa maola oikika. Pompeii inaikanso malire omwewo mu November 2024. Choncho banja lisungitsiretu malo, ndipo lisankhe m'mawa. Madzi, zipewa ndi nsapato zosaterera n'zofunika. Kangolo koyendetsera khanda kamavuta pamiyala ya misewu yakale, ngakhale ku Pompeii kuli njira yoposa makilomita atatu imene inakonzedwa mu 2016 kuti oyenda pa njinga za olumala azitha kudutsa.

Ku Italy, Greece ndi Egypt wotsogolera alendo amayenera kukhala ndi chiphaso cha boma, ndipo ndi bwino kuchifunsa. Koma chiphasocho chimasonyeza kuti amadziwa mbiri, sichinena ngati amatha kuyenda ndi ana. Musanagwirizane naye, mufunseni kuti ana akachita chiyani pamalo oyamba kuimapo, gulu likhala la anthu angati, ndipo amatani mwana akatopa pakati pa ulendo. Amene wayamba n'kufunsa zaka za ana anu ndi zimene amakonda, ameneyo ntchitoyi amaidziwa. Amene wakuyankhani ndi mndandanda wa nyumba zomwe mukaone akugulitsa ulendo wa akuluakulu. Pokonza tsikulo musiyenso theka la ola pamapeto, wotsogolera atachoka, kuti mwana asankhe yekha malo amodzi obwererako.